Kopaletivi kapena SACCO ikakana kupereka penshoni yanu: njira zoyenera kutsata kuti muilandire

Munthu amene wakhala zaka makumi awiri akuyeza mpunga pa sikelo ya kopaletivi, kapena akuwerenga ndalama za mamembala pa kauntala ya SACCO (kopaletivi yosunga ndi kubwereketsa ndalama), akamapuma pa ntchito amayembekezera kuti pasanathe miyezi yochepa alandira zake n'kukakhoma malata kumudzi. Ambiri amalandiradi popanda vuto. Koma alipo ena amene amangomva mawu omwewo mwezi ndi mwezi: bodi sinakumane, tikudikira odita, tigulitse kaye soya, manijala watsopano sanazolowere mafayilo. Chimene chimapweteka kwambiri pa nkhani za m'makopaletivi n'chakuti amene akukumanani ndalamayo si bwana wachilendo wokhala kutali, koma ndi anthu amene mumapemphera nawo mpingo umodzi, mumakumana nawo pamaliro, mwinanso wapampando wa bodiyo ndi mlamu wanu. Manyazi amenewa ndi amene amadyetsa anthu zaka, mpaka ndalama imene ikanamanga nyumba imangokwanira matumba ochepa a simenti.

Lamulo silisiyanitsa kopaletivi ndi kampani pa nkhani ya antchito. Kopaletivi yolembetsedwa pansi pa lamulo la Cooperative Societies Act la 1998, kapena SACCO yoyendetsedwa ndi lamulo la Financial Cooperatives Act la 2011, ikalemba munthu ntchito imakhala ndi udindo wonse umene uli mu Employment Act ya 2000 ndi m'lamulo la penshoni, limene linayamba kugwira ntchito mu June 2011 ndipo linalowedwa m'malo ndi Pension Act ya 2023.

Yambani ndi kupeza kumene kuli ndalamayo

Musanakwiye ndi aliyense, fufuzani kuti ndalama yanu ili m'manja mwa yani, chifukwa yankho la funso limeneli ndi limene limakuuzani khomo loyenera kugogoda. Malinga ndi lamulo, wolemba ntchito amadula 5 peresenti pa malipiro anu, iye amawonjezerapo 10 peresenti, ndipo zonsezo amayenera kuzitumiza ku thumba la penshoni pasanathe masiku 14 mwezi ukatha. Thumba limeneli silikhala mu sefu ya kopaletivi. Limasungidwa ndi matrasti (amene apatsidwa udindo wosamala thumbalo m'malo mwa antchito) ndipo limayendetsedwa ndi kampani zokhala ndi chilolezo, monga Old Mutual, NICO Pension Services kapena NBM Pensions Administration. Choncho pitani ku kampani imene inkasunga penshoni yanu ndi chitupa chanu cha unzika, ndipo mupemphe sitetimenti yosonyeza ndalama zimene zinalowa mwezi uliwonse kuyambira tsiku limene munalembetsedwa. Musavomere pepala longosonyeza chiwerengero chonse pamodzi, chifukwa silionetsa miyezi imene inadumphidwa.

Sitetimenti imeneyi idzakuonetsani chimodzi mwa zinthu izi. Mwina ndalama yonse ilipo, koma kopaletivi ikukana kusayina ndi kudinda fomu yotsimikiza kuti mwapuma. Mwina ankakudulani pa peyisilipi koma ndalamayo sinkafika, kapena inkafika miyezi ina yokha. Mwinanso dzina lanu kulibe n'komwe, kutanthauza kuti sanakulembetseni. Vuto loyambalo ndi lopepuka ndipo kawirikawiri limatha ndi makalata. Enawo ndi ngongole yeniyeni imene kopaletivi ili nayo kwa inu, ndipo amafuna umboni ndi masamu.

Sonkhanitsani mapepala, ndipo muchite izi mwakachetechete

Mapepala amasowa msanga m'maofesi a makopaletivi, makamaka bodi ikasintha pa msonkhano waukulu wapachaka kapena manijala akachoka mokangana. Sonkhanitsani kalata imene anakulemberani ntchito, makalata okukwezani udindo kapena malipiro, mapeyisilipi onse amene mungawapeze, sitetimenti ya ku banki yosonyeza malipiro akulowa, kalata yanu yopempha kupuma ndi yankho lawo, ndiponso buku la malamulo a kagwiridwe ka ntchito ngati linalipo. Lamulo limakupatsaninso ufulu wopempha chikalata chotsimikiza kutha kwa ntchito, chimene chimalemba tsiku limene munayamba, tsiku limene munasiya ndi malipiro anu omaliza. Ngati simunapatsidwepo kalata ya ntchito, musataye mtima, pakuti siginecha yanu ili m'mabuku olandirira malipiro, m'malisiti amene munkalemba ndi m'maminitsi a misonkhano, ndipo anzanu amene munkagwira nawo ntchito angathe kuchitira umboni. Chilichonse chijambuleni kawiri, ndipo mapepala enieniwo asachoke m'manja mwanu. Mauthenga a pa WhatsApp amene manijala ankalonjeza kulipira musawafufute.

Werengetsani zimene mukufuna, gawo ndi gawo

Anthu ambiri amafika ku ofesi ya leba n'kungonena kuti akufuna mabenefiti awo, ndipo akafunsidwa kuti ndi zingati amayang'ana kudenga. Dandaulo lopanda chiwerengero silichedwa kufooka. Tengani pepala mugawe zinthuzo motere.

Choyamba ndi malipiro otsala, masiku a tchuthi amene simunapite, ndi zina zimene munagwirira kale ntchito. Izi lamulo limati ziperekedwe pasanathe masiku asanu ndi awiri ntchito itatha.

Chachiwiri ndi ndalama za penshoni zimene sizinatumizidwe. Tiyerekeze kuti malipiro anu owerengera penshoni anali K300,000 pa mwezi. Gawo lanu linali K15,000, la kopaletivi K30,000, zonse pamodzi K45,000. Ngati sitetimenti ikusonyeza kuti kwa miyezi 36 sikunalowe kanthu, ndiye kuti ngongoleyo ndi K1,620,000, osawerengera phindu limene ndalamayo ikanabereka ikanakhala m'thumba. Phindu lotayikali mulitchule padera ndipo mupemphe chiwongoladzanja, chifukwa kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti mu May 2022 ndi 44 peresenti mu November 2023, kotero kuti amene wakusungirani ndalama zaka zimenezi n'kukubwezerani chiwerengero chomwecho wakulandani gawo lalikulu ngakhale atanena kuti walipira zonse.

Chachitatu chimakhudza amene anayamba ntchito June 2011 asanafike, ndipo ichi n'chimene chimaiwalika kwambiri. Lamulo la penshoni litabwera, olemba ntchito anauzidwa kuti awerengetse ndalama ya severance (yolipira munthu ntchito ikatha, malinga ndi zaka zimene wagwira) imene wantchito aliyense anali ataunjika kuyambira tsiku limene analembedwa, achotsepo zimene zinali kale m'penshoni kapena m'gratuity (ndalama yothokozera munthu pakutha pa ntchito) ngati zinalipo, ndipo zotsalazo azisamutsire ku thumba la penshoni m'kati mwa zaka zisanu ndi zitatu. Ngati munayamba ntchito mu 2001, zaka khumi zoyambazo zili ndi mtengo wake, ndipo uyenera kuoneka pa sitetimenti yanu. Ngati suoneka, uikeni pa mndandanda wa zimene mukufuna.

Musasokoneze zimenezi ndi severance allowance ya masiku ano. Kuchokera pamene Employment Act inasinthidwa mu 2010, ndalama imeneyi imaperekedwa kwa amene wachotsedwa chifukwa chochepetsa antchito, mavuto azachuma a wolemba ntchito, kapena wachotsedwa mopanda chilungamo, osati kwa amene wapuma chifukwa cha zaka. Koma ngati anakukakamizani kulemba kalata yopuma pamene cholinga chawo chinali kuchepetsa antchito, nenani zimenezo msanga, chifukwa nkhaniyo imasintha. Palinso antchito ena amene malamulo anawapatula pa penshoni, ndipo amenewa amayenera kulandira gratuity ya 5 peresenti ya malipiro a pamwezi pa mwezi uliwonse umene anagwira.

Dziwaninso kuti si nthawi zonse pamene kuchedwa kapena kuchepa kwa ndalama kumakhala kulakwa kwa kopaletivi. Zaka zopumira sizitsika pa 50, ndipo pansi pa lamulo la 2023 wopuma amalandira pakamodzi mpaka theka la ndalama zake, zotsalazo n'kumabwera mwezi ndi mwezi, pokhapokha ngati zonse pamodzi zili zochepa kwambiri. Amene wangosiya ntchito asanafike pa zaka zopumira amadikira miyezi itatu ali pa ulova kuti atapeko gawo lina. Ndi bwino kumvetsa izi musanaloze munthu chala.

Lembani kalata, ndipo ikhale ndi tsiku lomaliza

Kudandaula kwa pakamwa kulibe mboni. Lembani kalata kwa manijala, ndipo makope apite kwa wapampando wa bodi ndi kwa komiti yoyang'anira. Kalatayo isakhale yachipongwe ndipo isatalike. Mutchule tsiku limene munayamba ndi kusiya ntchito, udindo wanu, malipiro omaliza, nambala yanu ya penshoni, zimene mukufuna gawo ndi gawo ndi ziwerengero zake, kenako munene kuti ngati pofika masiku 14 simulandira ndalama kapena yankho lolembedwa, mudzapita nayo nkhaniyi ku ofesi ya leba ndi kwa woyang'anira mabungwe azachuma. Pokapereka, tengani makope awiri, ndipo amene walandira asayine, alembe tsiku ndi kudinda pa kope yanu. Akakana kusayina, pitani ndi mboni kapena mutumize kudzera kwa otumiza makalata amene amapereka lisiti.

Ndinaonapo bambo wina amene anali wosunga nkhokwe pa kopaletivi ina ya alimi. Kwa chaka ndi miyezi ankapalasa njinga Lolemba lililonse kukakhala pa benchi ya pakhonde la ofesi, chipewa chili pa bondo, kudikira manijala amene ankamupatsa moni waulemu, kumufunsa za ana, n'kumuuza kuti abwere sabata yamawa. Tsiku limene anabweretsa kalata yotayipa, yokhala ndi ziwerengero ndi mzere wosonyeza kuti kope yapita ku leba, mlembi wa pa ofesipo anaiwerenga kawiri ali chiimire, n'kulowa nayo m'kati osagogoda. Bodi imene inkalephera kukumana inakumana Lachisanu lomwelo.

Akakuuzani za shoteji kapena ngongole

Apa ndi pamene pamagona nkhani zambiri za m'ma SACCO ndi m'makopaletivi. Munthu akangopuma, kumatulukira mawu akuti odita apeza shoteji ya nthawi imene iye anali pa kauntala, kapena matumba a feteleza anasowa m'nkhokwe, choncho ndalama zake zimangidwe kaye mpaka kafukufuku atathe. Kafukufukuyo nthawi zambiri sakhala ndi tsiku lothera.

Pemphani kuti mlanduwo aulembe: ndalama zingati, zinasowa liti, lipoti la odita likuti chiyani, ndipo n'chifukwa chiyani sanakufunseni muli pa ntchito. Muli ndi ufulu womvedwa mbali yanu. Kukayikira si chigamulo, ndipo bodi si khoti. Ndalama imene ili m'thumba la penshoni si chuma cha kopaletivi ndipo lamulo limaiteteza kuti isalandidwe ngati chikole cha ngongole, kotero kukana kusayina fomu ngati njira yokufinyirani n'kugwiritsa ntchito molakwa udindo umene lamulo linawapatsa. Ngati akukhulupirira kuti munaba, njira yawo ndi ya kupolisi kapena kukusumirani, kumene adzayenera kubweretsa umboni. Ngakhale pa malipiro wamba, Employment Act imaika malire pa zimene wolemba ntchito angadule.

Nkhani ya ngongole ndi yosiyana, ndipo apa pafunika chilungamo kumbali yanunso. Antchito ambiri a SACCO amakhalanso mamembala, ali ndi masheya, ndalama zosunga ndi ngongole. Ngati muli ndi ngongole, werengani pangano limene munasayina, chifukwa mwina munavomereza kuti ibwezedwe kuchokera ku masheya anu, ku zosunga zanu kapena ku malipiro omaliza. Pemphani sitetimenti ya ngongoleyo, muvomereze zimene zili zoona, ndipo mukambirane za kabwezedwe kake padera. Chofunika n'kusalola kuti zipewa ziwirizi zisokonezedwe. Mkangano wanu monga membala, wokhudza masheya kapena ngongole, uli ndi njira yake m'malamulo a kopaletiviyo ndi kwa woyang'anira makopaletivi. Mkangano wanu monga wantchito ndi wa ku leba ndi ku khoti la zapantchito. Akakuuzani kuti nkhani ya penshoni idikire msonkhano waukulu wa mamembala, yankhani mwaulemu kuti zimene lamulo lalamula sizidikira mavoti.

Chenjerani ndi pepala limene angakupatseni kuti musayine polandira kagawo kochepa, lokhala ndi mawu akuti mwalandira zonse ndipo simudzafunanso kanthu. Munthu amene watha chaka osalandira kanthu, sukulu fizi ikumudikira, amasayina chilichonse. Ngati mukulandira gawo, lembani ndi dzanja lanu pamwamba pa siginecha kuti mwalandira ngati gawo chabe ndipo mutchule zotsala. Akakana kuti mulembe zimenezo, mwadziwa cholinga cha pepalalo.

Makomo awiri ogogoda nthawi imodzi

Masiku amene munapereka akatha, pitani ku ofesi ya leba ya m'boma lanu ndi mafayilo anu. Ofesala wa leba amaitana mbali zonse ziwiri kuti ayanjanitse, ndipo simulipira loya pa gawo limeneli. Mukagwirizana, pangano lilembedwe, likhale ndi ziwerengero, masiku olipira ndi masiginecha a anthu amene ali ndi mphamvu yosayina m'dzina la kopaletivi, osati kalaliki amene angomutuma. Zikakanika, kapena iwo akapanda kubwera, pemphani kalata yotumiza nkhaniyo ku khoti. Ngati m'nkhani yanu mulinso dandaulo lochotsedwa ntchito mopanda chilungamo, kumbukirani kuti limeneli liyenera kufika kwa ofesala wa leba pasanathe miyezi itatu chichotsedwereni.

Khomo lachiwiri ndi la Registrar of Financial Institutions, udindo umene uli m'manja mwa Gavanala wa Reserve Bank of Malawi. Ofesi imeneyi ndi imene imayang'anira matumba a penshoni, ndipo ili ndi mphamvu yokakamiza ndi kulipiritsa chindapusa olemba ntchito amene satumiza ndalama za penshoni. Imayang'aniranso ma SACCO, kotero kuti SACCO imene yadya ndalama za penshoni za antchito ake ili ndi zifukwa ziwiri zoopera kalata yochokera kumeneko. Lembani dandaulo lanu, muphatikize sitetimenti, mapeyisilipi ndi kalata imene munalembera kopaletivi. Ngati vuto ndi longokana kusayina fomu, lemberaninso matrasti a thumba lanu kuwadziwitsa kuti munapuma, muwapatse umboni wake, ndipo muwafunse kuti akuuzeni polemba zimene akufuna kuti akulipireni. Ngati yanu ndi kopaletivi ya ulimi kapena ya malonda, kope ipitenso kwa Registrar of Cooperative Societies ku unduna woona za malonda. Ngati SACCO yanu ili m'bungwe la MUSCCO, lomwe ndi mgwirizano wa ma SACCO m'Malawi, kuwadziwitsa kungathandize kuti akuluakulu alankhulane, ngakhale kuti bungweli si khoti ndipo silingagamule mlandu wanu.

Ngati mulipo angapo amene mwakumana ndi vuto lomweli, kuphatikizapo amene adakali pa ntchito ndipo sitetimenti zawo zili ndi mipata yomweyo, lembani pamodzi. Kalata ya anthu khumi siikidwa pansi pa fayilo mosavuta ngati ya munthu mmodzi.

Ku Industrial Relations Court

Khoti limeneli linakhazikitsidwa ndi malamulo aakulu a dziko kuti lizimva milandu ya zapantchito, limayendetsedwa ndi Labour Relations Act ya 1996, ndipo lili ndi maofesi ku Blantyre, Lilongwe ndi Mzuzu. Njira zake anazipepukitsa kuti munthu wamba athe kudziyimira yekha. Mlandu umayamba ndi fomu yotchedwa IRC Form 1, m'mene mumalemba amene mukumusumira, chimene chinachitika ndi chimene mukupempha. Samalani ndi dzina: sumirani kopaletiviyo m'dzina lake lonse monga linalembedwera pa satifiketi yake, osati wapampando kapena manijala, chifukwa kopaletivi yolembetsedwa imasumira ndi kusumiridwa m'dzina lake, pamene anthu audindowo amasintha. Fomuyo ikaperekedwa kwa iwo, amakhala ndi masiku 14 oti ayankhe, ndipo akapanda kuyankha mungapemphe kuti khoti ligamule iwo palibe. Akayankha, mumayamba mwakumana pamaso pa rejisitara kuti muone zimene mukugwirizana ndi zimene zatsala, ndipo milandu ina imathera pomwepo.

Pa tsiku lomva mlandu, fotokozani motsatira masiku, pepala lililonse likhale ndi nambala, ndipo musataye nthawi ndi mbiri ya udani wa m'bodi. Woweruza akufuna kudziwa kuti munagwira ntchito liti, munkalandira zingati, anadula zingati, zinafika zingati. Pemphani momveka bwino kuti khoti lilamule kulipira zotsala, phindu lotayika ndi chiwongoladzanja, komanso kuti lilamule kopaletivi kusayina mafomu. Chimene simunapemphe n'kovuta kuti mupatsidwe. Ngati ndalamazo ndi zambiri kapena iwo abwera ndi loya, funani thandizo ku Legal Aid Bureau, imene imathandiza anthu osakwanitsa kulipira loya, kapena ku bungwe la antchito limene munali membala wake. Mbali imene sinakhutire ingachite apilo ku High Court pasanathe masiku 30, koma pa mfundo za malamulo zokha.

Milandu imatenga nthawi, ndipo palibe chifukwa chokubisirani zimenezo. Koma kudikira kunyumba n'koopsa kuposa kudikira ku khoti, chifukwa milandu yochokera pa pangano ili ndi malire a zaka zisanu ndi chimodzi, ndipo lonjezo la pakamwa la manijala silikutetezani nthawiyo ikatha.

Chigamulo chikatuluka koma ndalama osaoneka

Kupambana mlandu si kulandira ndalama. Tengani chigamulo chodindidwa, mukachipereke ku kopaletivi ndi kalata yopereka masiku ochepa. Akapanda kulipira, bwererani ku khoti mukapemphe chilolezo chakuti masherifu akalande katundu, monga galimoto, njinga zamoto kapena makina, kapena lamulo lakuti banki imene kopaletiviyo imasungako ndalama ilipire kuchokera mu akaunti yawo. N'chifukwa chake ndi bwino kudziwa pasadakhale banki yawo ndi katundu amene ali m'dzina lawo. Akapempha kulipira pang'onopang'ono ndipo mukuona kuti chuma chawo n'chofookadi, mungavomere, koma panganolo lilembedwe ku khoti ndipo linene kuti akadumpha mwezi umodzi ngongole yonse yotsala idzafunika pakamodzi.

Mukamva kuti kopaletivi ikutsekedwa, musadikire chigamulo. Fufuzani amene wasankhidwa kuti agulitse katundu ndi kulipira ngongole, ndipo mumupatse dandaulo lanu lolembedwa pamodzi ndi umboni, chifukwa Employment Act imaika malipiro ndi zina za antchito patsogolo pa angongole ena wolemba ntchito akagwa. Ndalama zimene zinafika kale ku thumba la penshoni sizikhudzidwa ndi kugwa kumeneku.

Ngati mwini penshoni wamwalira nkhani ili m'kati, njira ndi yomweyi, koma achibale ayambe ndi kufunsa ku kampani ya penshoni za fomu imene malemuyo analembapo anthu oti adzalandire, chifukwa matrasti amayambira pa fomu imeneyo, osati pa zimene akubanja agwirizana pa msonkhano wa pambuyo pa maliro. Ngati anamwalira adakali pa ntchito, afunsenso za inshulansi ya moyo, imene lamulo limakakamiza wolemba ntchito kugulira wantchito wake ndipo siyenera kuchepera malipiro a chaka chimodzi. Ngati kopaletivi sinagule inshulansiyo kapena inasiya kulipira, ndalama imeneyo ilembedwe pa dandaulo lopita kwa Registrar of Financial Institutions ndi ku khoti, pamodzi ndi chikalata cha imfa ndi peyisilipi yomaliza ya malemuyo.